Chingwe Chimene Ndinafupikitsa

Chingwe chimene chinaphetsa achimwene anga ndinachidula ndine, ndi mpeni wanga, Loweruka lina m'mawa kunja kuli bata. Ndayambira pamenepa dala, chifukwa ndikasunga mawuwa kuti ndikawanene kumapeto ndiwazembanso, monga ndinawazembera kwa zaka zambiri. Mlandu wa chingwecho anausenza ndi munthu wina, ine ndili chikhalire pomwepo, maso ali pansi.

Nthawi imeneyo n'kuti ndikuphunzitsa sayansi pa sekondale ina yoyendera kufupi ndi Mitundu. Kwathu amene anafika patali ndi sukulu ndine ndekha, ndipo anandifikitsako ndi achimwene omwewo, ndi fodya wawo. Iwo sukulu anaisiyira panjira, n'kukakwatira kumudzi wina kupitirira Nathenje, kumene ankakhala pachikamwini. Anali munthu wamtali, wosachedwa kuseka koma wa mawu ochepa. Pagulu sankanditchula dzina, ankangoti "aphunzitsi athu", ndipo chimene ndanena ine kwa iwo chinali chomaliza. Ndikanawauza kuti kukubwera mvula, akanathamangira kukaanula chimanga dzuwa likuswa mtengo. Sindibisa, zimenezi zinkandikoma, ndipo zinandikulitsa mutu. Munthu ukazolowera kuima kutsogolo kwa ana amene sangakutsutse, umayamba kuona dziko lonse ngati kalasi yako.

Chaka chimenecho mvula inadula chimanga chili pa ngayaye. Pofika mwezi wa Meyi aliyense ankadziwa kuti za m'nkhokwe sizifika ngakhale Okutobala. Mwayi wa mudzi wa alamu anga, akazi a achimwenewo, unali damu la esiteti yakale ya fodya imene inali itasiya kulima. Damulo ndi lalitali koma lopapatiza, ndipo chipupa chake chili cha kumpoto. Woyang'anira malowo analola kuti anthu alime madimba pamtunda wa m'mbali mwake, chakuchipupa komweko, ndipo mabanja asanu ndi awiri anasonkherana n'kugula pampu ya petulo. Woisamalira anasankha achimwene, poti ndiwo ankadziwa kunyengerera injini ikanyanyala.

Vuto linabwera madzi atayamba kuphwa. M'mphepete monse munasanduka thope, paipi yokokera madzi n'kumayamwa matope, pampu n'kumatsamwa kawirikawiri. Achimwene anandiimbira foni, ndipo Loweruka lotsatira ndinapalasa njinga kudzera njira yafumbi ija yodulira, nzeru zanga zili kale pa kapepala m'thumba la malaya. Nzeruyo inali yakuti pampu isakhalenso kumtunda, koma iyandame pamadzi akuya. Madiramu anayi opanda kanthu, otsekedwa bwino, matabwa pamwamba, pampu pakati. Ndinawafotokozera anthu monga ndinkachitira m'kalasi, kuti chinthu chikalowa m'madzi chimawakankha, madziwo n'kubwezera pochinyamula, ndiponso kuti diramu limodzi likhoza kunyamula amuna awiri osamira. Apo sindinaname, masamu anga anali olondola. Tinachikhoma tsiku lomwelo, amayi n'kuchitcha thandala, poti chinkaoneka ngati poyanikapo mbale. Litayandama, pampu ili pamwamba, kunamveka nthungululu, ndipo achimwene anandiyang'ana ngati madziwo ndawalenga ndine.

Panatsala nkhani ya mmene thandalalo likhalire pamalo amodzi, ndipo apa m'pamene akulowera munthu amene ndinamulakwira. Anali bambo wina wamfupi wochokera kunyanja, amene anabwera kale pa esitetipo ngati tenanti. Fodya atatha anzawo anabwerera kwawo, iwo n'kutsala ndi akazi awo ndi ana m'kanyumba ka m'mbali mwa damu. Anali atasema kabwato kakang'ono, n'kumawedza. Anthu ankangowatchula kuti a kunyanja. Nsomba zawo ankagula, moni ankapatsana, koma pa nkhani za mudzi mawu awo sankawerengedwa, poti analibe mbumba kapena manda pamenepo. M'dera lonselo wodziwa kusambira bwinobwino anali iwo okha. Ife a kuno madzi timawadziwira pachitsime ndi pa mtsinje wolekeza m'mawondo, ndipo ukasefukira timangoudikira kumtunda mpaka uphwe.

A kunyanjawo anakweza pathandala limu yakale ya thirakitala, chitsulo cholemera chija cha m'kati mwa tayala, n'kukaiponya pansi pa damu kuti ikhale nangula. Chingwe chinali chabuluu, cha nayiloni, ndinachigula ndine pa msika wa Mitundu. Pamalopo madzi anali akuya mamita atatu basi, koma iwo anamangirira chingwe chonse, mamita oposa khumi, osadulako ngakhale pang'ono. Paipi yopita kumtunda anaisiyanso yokhota, yogona pa zigubu. Choncho thandala lathu linkangoyendayenda. M'mawa ulipeza uku, masana lili uko, likuzungulira ngati mbuzi yomangidwa pachikhomo.

Pampu inkagwira ntchito bwinobwino, apo ndivomereze. Madzi ankatuluka oyera, mizere inkanyowa, ndipo chimanga chinabiriwira mpaka anthu a midzi ina ankapatuka kudzaona. Koma ine kuyendayenda kuja kunandinyansa. Muyenera kudziwa mmene timamangira zinthu kwathu kuno. Thumba la makala likamachokera ku Dzalanyama limakungidwa ndi malegeni, zingwe za mphira zija, mpaka njinga ndi thumba zikhale chinthu chimodzi. Fodya pa ngolo, udzu padenga, mtolo wa nkhuni, zonse timakoka mpaka chingwe chilire. Bambo athu tikamanga katundu ankabwera kudzagunda chingwe ndi chala, ndipo chikagwedera mbama inkatsatira. Chingwe cholendewera kwa ife ndi ulesi, ntchito ya munthu amene akufulumirira kumowa. Ndiye poona chinthu chimene ndinachiwerengera pa pepala chikusowa pokhala chonchija, pamaso pa alendo, ndinati mumtima tenanti uyu wandiwonongera ntchito.

Loweruka lina ndinafika molawirira. Achimwene anali atapita ku maliro kumudzi wina, a kunyanja atatsikira kumapeto kwa damu kukadula bango. Madzi anali phee ngati a mumtsuko. Ndinalowa m'kabwato kawo osapempha, mtima uli m'mwamba, n'kumadzikoka pogwira paipi mpaka ndinafika pathandala. Ndinakoka chingwe chija mpaka thandala linaima pamwamba penipeni pa limu, chingwe chili njo, ndipo ndinachimanga pa thabwa la kutsogolo ndi mfundo ya bambo athu. Ndinachigunda ndi chala, chinalira. Chotsalacho ndinadula n'kuchikulunga pachigongono.

Nditakwera kumudzi ndinapeza alamu akuyanika zovala za ana pa mpanda wa udzu, zina zikugwera m'fumbi.

"Alamu, nachi chingwe, muziyanikapo zovala," ndinatero.

"Ii, chatsopanotu ichi. Mwachipeza kuti?"

"Chatsala kudamu, chilibe ntchito."

Ndinawamangira ndekha, kuchokera pa mtengo wa mango kukafika pa nsanamira ya khonde, n'kuchikunga bwinobwino. Achimwene atabwera tinatsikira kudamu awiriwiri. Anaona thandala litaima chilili, ndinawauza kuti ndakonza ndine, ndipo anagwedeza mutu mokhutira.

"Tsopano ndiye zikuoneka kuti zamangidwa ndi munthu," anatero.

Sabata yotsatirayo mphepo ya mwera inakula, ija ya mu Ogasiti imene imang'amba milomo ndi kudzaza fumbi m'maso. Loweruka nditangotsika pa njinga, a kunyanja anandipeza m'mbali mwa damu, dengu la nsomba lili m'manja. Analitula pansi, anavula chipewa, n'kudikira kuti ndimalize kupukuta fumbi kumaso.

"Aphunzitsi, pepani, ndimati ndinene za chingwe chija. Ndawauza achimwene anu, akuti mwini nzeru ndinu."

"Chatani chingwe?"

"Mwachifupikitsa kwambiri. Chinthu cha pamadzi sitimanga choncho. Madzi akachinyamula chimafuna chikwere, akachisiya chitsike. Mukachigwira pakhosi chimamenyana ndi madzi."

"Bambo, pano si panyanja. Ili ndi damu, dziwe chabe."

"Mphepo ikayenda damu lonseli kuchokera kumwera uko, pofika kuchipupa kuno imakhala itadzutsa mafunde. Masana muone nokha. Mungondipatsa chimene munadulacho, ine ndikalumikiza pompano."

Chimene ndinadulacho chinali pamtunda pomwepo, chitapachikidwa matewera. Kukachimasula ndi kubwera nacho sikukanatenga nthawi yophikira tiyi. Koma panali amayi awiri amene ankatunga madzi chapafupi, ndipo ndinaona kuti atchera khutu. Ndinawafunsa bambowo ngati ankadziwa kulemera kwa madzi amene diramu limodzi limakankha. Anati sakudziwa. Ndinawafunsa kuti sukulu analekezera pati. Anangovala chipewa chawo, n'kunyamula dengu kupita ku msika wa Nathenje. Mwa zonse zimene ndinachita mwezi umenewo, funso lachiwirili ndi limene limanditentha kwambiri ndikalikumbukira.

Chimanga chinali chitafika m'chiuno, ndipo mphepoyo inkaumitsa nthaka msanga. Tinathirira m'mawa wonse, ndipo cha m'ma thuu koloko petulo anatha m'pampu. Pamenepo n'kuti damu litasintha nkhope. Madzi anali atada, mafunde akubwera motsatizana kuchokera kumwera. Sanali aakulu ngati amene anthu amasimba a kunyanja, mwina ongofika m'bondo, koma sankapuma. Thandala silinkakwera nawo. Funde likafika, mbali ya kumbuyo inkanyamuka, ya kutsogolo imene ndinamanga ija n'kukanika, madzi n'kudutsa pamwamba pa matabwa. Kenako lonse linkadzidzimuka kamodzi, ngati ng'ombe imene yathamanga n'kufika pamapeto pa chingwe. Ndinaziona ndi maso angawa, koma ndinadziuza kuti madiramu anayi sangamire.

"Achimwene, bwanji tidikire mphepo idutse?" ndinatero, koma ndi mawu ofooka.

"Yatsala mizere isanu, ndipo mawa ndi Lamulungu," anayankha. "Si munati sichingamire?"

"Sichingamire."

Analowa m'kabwato ndi kachigubu ka petulo, atavala majombo awo a mphira, n'kudzikoka ndi paipi monga mwa masiku onse. Anafika, anakwera chokwawa, anathira petulo atagwada. Koma pampu ija kuti ilire inkafuna munthu aimirire, aiponde ndi phazi limodzi, akoke kachingwe kolizira ndi mphamvu zake zonse. Anakoka koyamba, inakana. Akukoka kachiwiri, thupi lonse litapendekera kumbuyo, panafika funde lokulirapo. Kutsogolo kwa thandala kunamira, kumbuyo kunatukuka, chingwe changa chinakoka kamodzi, ndipo achimwene anagwera chagada m'madzi.

Anatumphuka kawiri. Ulendo woyamba anagwira m'mphepete mwa diramu, koma diramu lonyowa lilibe pogwira, ndipo thandalalo potsika linawamenya paphewa. Ulendo wachiwiri ndinangoona dzanja. Sanakuwe. Amene ankakuwa ndine, nditalowa m'madzi mpaka m'chifuwa, thope litandigwira miyendo, ndipo pamenepo ndinaima. Kuchokera pomwe ndinaimapo kukafika pathandala panali pafupi, poti munthu akhoza kuponya chitsononkho n'kufika. Kabwato kanali katatengedwa ndi mphepo n'kukagunda chipupa. Anthu anathamanga kuchokera m'madimba ndi nsungwi, zina zazifupi, zina akuzilumikiza ndi luzi, ndipo mayi wina anamasula chitenje n'kuchiponya m'madzi ngati chingafike. Tinalipo anthu oposa makumi awiri m'mphepete muja, wodziwa kusambira panalibe.

Bambo wina anakwera njinga yanga kukawaitana a kunyanja ku msika. A kunyanjawo anafika dzuwa litapendeka, anavula malaya n'kulowa. Anamira katatu. Kachitatuko anatuluka ndi achimwene atawagwira kolala ya malaya. Anawapeza pafupi ndi limu, majombo atadzaza madzi ndi matope. Atawagoneka pa udzu, a kunyanja anakhala pansi akupuma mwabefu, maso ali pathandala lija limene linkadzidzimukabe pa funde lililonse. Ine sanandiyang'ane. Alamu anafika akuthamanga, mwana ali kumbuyo, ndipo kulira kwawo sindikufuna kukulemba.

M'mawa mwake, adzukulu asanapite kukakumba manda, ndinatsikira kudamu ndekha. Mphepo inali italeka. Madzi anali phee ngati tsiku lija ndinadula chingwe, thandala litaima mwaulemu pamalo pamene ndinaliika, kachigubu ka petulo kakuyandama m'bango. Ndinakwiya ndi madziwo, ndinawatukwana mokweza ngati munthu, chifukwa kukwiyira madzi kunali kosavuta. Pobwerera ndinadutsa kuseri kwa nyumba kuti ndisadutse pa mtengo wa mango.

Maliro ataikidwa, tsiku lotsatira abale a mbali zonse ziwiri tinakhala pansi pa mango womwewo, alamu ali m'nyumba ndi amayi anzawo. Imfa yotero kwathu siingopita, pamafunika wina woti afotokoze. Amalume athu anafunsa kuti anamangirira thandalalo pakati pa madzi ndani, ndipo maso onse anatembenukira kwa a kunyanja, amene anakhala kumapeto, pa njerwa. Wina anati kabwato kanali kawo. Wina anafunsa chifukwa chimene anachokera tsiku lomwelo, ngati kuti ankadziwa. Pamenepo nkhani inayamba kununkha zina, ndipo mukudziwa kumene nkhani zotero zimathera woimbidwa mlandu akakhala wobwera.

"Chingwe chimene ndinamanga ine chinali chachitali," anatero a kunyanja, motsitsa mawu.

"Nanga anachifupikitsa ndani?" anafunsa amalume.

A kunyanja anandiyang'ana. Sanandiloze, sanatchule dzina, anangondiyang'ana, kundipatsa mpata woti ndinene ndekha. Munthu wobwera sakanaloza chala mng'ono wa malemu, mphunzitsi, pa bwalo la eni ake, dothi la pamanda lisanaume. Amayi awiri otunga madzi aja anali m'nyumba, ndipo nkhani ya amuna sakanailowerera. Chingwe chabuluu chinali pamwamba pa mitu yathu, chitapachikidwa matawulo a anthu obwera ku maliro. Ndinaganiza za amayi athu amene anali m'nyumbamo atataya kale mwana mmodzi, koma ndisaname, ndinaganiza kwambiri za dzina langa. Ndinayang'ana nyerere zimene zinkakoka njere ya chimanga pafupi ndi nsapato yanga. Amalume anadikira pang'ono, kenako anati, "Mwaona, alibe yankho."

A kunyanja sanamenyedwe. Anangouzidwa kuti pamalopo sakufunikanso, ndipo anthu anasiya kugula nsomba zawo. Patapita masabata awiri ndinakumana nawo pa siteji ya Nathenje, ali ndi akazi awo, ana, mphasa ndi ndowa, akudikira galimoto. Ndinafuna kuwazemba koma anali atandiona kale.

"Aphunzitsi," anatero, "thandala lija mukadzaligwiritsanso ntchito, chingwe chikhale katatu kuya kwa madzi. Musaiwale. Pali ena adzakwerapo."

Ndinati zikomo. Ndi mawu okhawo amene ndinawauza. Kumene anapita sindikudziwa, ndipo dzina la mudzi wa kwawo sindinalifunsepo pa nthawi yonse imene ndinawadziwa.

Pathandala sipanakwerenso munthu, kupatula amene analikokera kumtunda. Pampu inabwerera m'mphepete, inatsamwanso ndi matope, ndipo chimanga chambiri chinauma chisanabereke. Ine ndinabwerera ku bolodi. Koma ndinayamba kufunafuna mabuku onena za mafunde, ndipo zimene ndinapeza zinali zomwezo zimene a kunyanja anandiuza atavula chipewa, kungoti zolembedwa ndi zilembo za masamu. Masamu anga aja anali a madzi ogona. Pa madzi ogona mphamvu imene imakankha diramu kuchokera pansi ndi m'mbali imakhala yomweyo nthawi zonse. Funde likamadutsa zimasintha. Mbali imene kwafika msana wa funde madzi amakhala atakwera, ndiye amakankha kwambiri kuposa mbali inayo, ndipo pansi pa diramu amakankhira m'mwamba kuposa kale. Kamphindi pang'ono zonse zimatembenuka, kukankha kuja kumasanduka kukoka. Chinthu chomasuka chimangovomera: chimakwera, chimasuntha pang'ono, chimatsika, mphamvuyo n'kuthera m'kuyenda komweko. Chingwe chachitali chimagona m'madzi mokhota, ndipo chimawongoka pang'onopang'ono, osadzidzimutsa. Chachifupi sichipereka mpata. Mphamvu yomweyo imene ndinkanyadira, yoti madiramu anga akhoza kunyamula amuna asanu ndi atatu, ndi imene inkamenya pa mfundo yanga funde lililonse likafika.

Chaka chilichonse ndimasonyeza ana a Fomu 3 zimenezi, ngakhale sizibwera pa mayeso. Ndimatenga beseni la madzi ndi zitini ziwiri zomangirira ku miyala, china pa ulusi wautali, china pa waufupi. Ndikagwedeza madzi ndi mbale, chitini cha ulusi waufupi chimapendeka n'kumwa madzi, ana n'kuseka. Ine sindiseka, ndipo iwo amati ndine wovuta.

Alamu sanakwatiwenso. Ana atatu a achimwene ndinawatenga ngati anga, ndipo anthu ankandiyamikira kuti ndine m'bale weniweni, mawu amene ankandilasa nthawi iliyonse ndikawamva. Mwezi uliwonse ndinkapita kukawaona. Nayiloni sawola msanga. Chingwe chija chinatuwa ndi dzuwa, chinatuluka tiubweya, chinaduka kawiri n'kulumikizidwa, koma chinali pomwepo, kuchokera pa mango kukafika pa khonde. Chinali chitalendewera pakati, moti kuti ndifike pakhomo ndinkayenera kuwerama n'kudutsa pansi pake. Kawiri konse ndinawagulira waya woyanikira zovala. Ulendo woyamba ndinapeza atamangira khola la nkhuku, wachiwiri anati anapatsa anzawo.

Ndinaulula chaka chimene amayi athu anamwalira, mwana womaliza wa achimwene, amene anali kumbuyo tsiku lija, atalemba mayeso a Fomu 4. Ndinalibenso wobisala kumbuyo kwake. Unali mwezi wa Ogasiti womwewo, masana, mphepo ikukupiza zovala. Alamu ankaswa mtedza pakhonde. Ndinakhala pa mpando, ndinakana madzi, ndipo ndinawauza zonse monga ndalembera pano: kabwato, mpeni, mfundo, chipewa cha a kunyanja, ndi mawu anga omaliza kwa amuna awo. Ndinkayembekezera kuti alira, kapena andithamangitsa. Manja awo sanasiye kuswa mtedza.

"Mwatha?" anafunsa.

"Ndatha, alamu."

"Ndimadziwa. Tsiku la bwalo lija, amayi anzanga atadzandiuza m'nyumba muja kuti a kunyanja akuti chingwe chinali chachitali, ndinasuzumira pazenera n'kuchiona. Nanga anandipatsa ndani, si inu?"

"Ndiye osanena bwanji?"

"Ndinene kuti chiyani? Ndinali ndi ana atatu, wina woyamwa. Ndikanakunenani, mukanathawa pakhomo pano ndi manyazi, osapondanso. Anawa akanatsala ndi yani? Ndinasankha ana anga. Bambo aja tinawathamangitsa awiri, inu ndi ine, ndipo mbali yangayo ndimainena kwa Mulungu tsiku lililonse."

Ndinachita manyazi amene sindinachitepo chibadwire, osati chifukwa cha mpeni uja wokha, koma chifukwa cha zaka zonse zimene ndinadya pakhondepo ndikudziyesa wochenjera, iwo akundipatsa madzi osamba m'manja.

"Nanga chingwechi munachisungiranji?" ndinafunsa.

"Kuti muziwerama polowa. Ndinati tsiku lina msana udzawapweteka, adzanena."

Ndinaimirira, ndinapita pa nsanamira kuti ndimasule mfundo, imene inali yanga yomwe ija, yolimba mpaka lero.

"Chisiyeni," anatero alamu, osadzutsa mutu. "Mwauza ine, amene ndimadziwa kale. Woti mukamuuze sali pano."

Amalume ndinawauza sabata yomweyo, anati zakale zisiyeni, mwini wake anapita. Kunyanja ndapitako maulendo atatu pa tchuthi, kufunsa m'madoko za bambo wamfupi amene anakhalapo tenanti cha ku Nathenje. Anthu a kumeneko ndi aulemu, amasiya ntchito n'kundimvetsera, kenako amandifunsa mudzi wake, ine n'kusowa chonena. Mwezi wathawu ndinapita kukaona alamu. Chingwe chinali pomwepo, atayanikapo zitenje ziwiri, ndipo ndinawerama n'kudutsa.